Ndodo Pamwamba pa Bedi la Amayi

Lolemba, 5 Okutobala

Thiers, kwathu ku France, kwa opanga mipeni. Mvula. Tauni yomwe ija, yopendekera kumtsinje ngati ikufuna kugweramo koma ikuchita manyazi.

Lero tayamba kujambula zenizeni kunyumba yosungira okalamba. Masabata apitawa timangobwera ndi kamera yopanda kanthu m'kati kuti atizolowere. Ndi mmene Anselme Rouvier amagwirira ntchito chiyambire: khala pakona mpaka anthu akuyese kabati. Muno ndizimulemba A. basi. Dzina lonse ndi la manyuzipepala.

Iye kamera paphewa, ine ndodo ya maikolofoni m'mwamba, mahedifoni m'makutu. Zaka pafupifupi makumi atatu tili chonchi, ndipo malamulo ake sanasinthe. Osafunsa funso. Munthu akakuyankhula osamuyankha. Osazimitsa makina chifukwa choti zinthu zaoneka ngati zatha, poti iye amati choonadi chimatuluka anthu akaganiza kuti zatha. M'mafilimu ake mulibe nyimbo, mulibe wofotokoza. Anthu okhaokha, ndi nthawi.

Chasintha ulendo uno n'chimodzi. Mwa okalamba tikuwajambulawa muli amayi anga, Léonie Chabrier.

Mwezi watha A. anati: “Nditha kupeza wina wojambula mawu pa filimu iyi.” Sanafunse. Iye safunsa, ngakhale kunja kwa ntchito. Amangoika mawu patebulo ngati mbale n'kumadikira. Ndinati wina ndani? Mmodzi wa awa otuluka kusukulu ya mafilimu, opumira mu maikolofoni? Ndodoyi ndi yanga.

Amayi andiyang'ana masana ano n'kunena kuti: “Inu madamu a ndodo, mukuwedza chiyani m'nyumba muno?”

Sindinayankhe. Lamulo.

Lachitatu, 7 Okutobala

Chipinda chodyera, m'mawa mpaka masana. Fungo la supu ndi sopo wokolopera.

Muli bambo Barge, amene kale ankayendetsa basi. Ndi okhawo amene akukana kutiyesa kabati. “Rouvier! Ndifa lero kapena mawa? Undiuziretu, ndimete ndevu.” A. phee. Ndiye atembenukira kwa ine: “Nanga iwe, mkonowo sutopa? Malemu mkazi wanga ankandikwezera ndodo chonchi, koma iye ankaitsitsa.”

Nadège, amene amasamalira mbali ya amayi, wati: “Imwani supu, bambo Barge, akukujambulani.”

“N'chifukwa chake sindikumwa. Dziko lidziwe.”

Ndinaluma tsaya kuti kuseka kusalowe m'makina.

Amayi sadya kwenikweni. Amatenga supuni n'kumaipukuta pasiketi, uku ndi uku, kuitembenuza, kuiyang'anira pa kuwala, kuyambiranso. Moyo wawo wonse unathera kufakitale, kupukuta mipeni mpaka munthu adzionerepo nkhope. Mutu unaiwala, manja sanauzidwe. A. anaima pa manjawo nthawi yaitali kwambiri. Ine ndinatsitsa ndodo pang'ono. Chitsulo pansalu chimalira motsika, ngati munthu wopuma ali mtulo. Ndani wina akanazimva?

Lachinayi, 8 Okutobala

Nadège wandipeza pakhonde ndikusuta. “Musadandaule kuti amakutchani inu. Matendawa ndi otero, saona kuti ndinu mwana wawo.”

Ndaseka mpaka kutsokomola. Mtima wabwino, koma sakudziwa kanthu.

Inu ameneyu sanabwere ndi matenda. Anabwera tsiku limene ndinawauza kuti ndasiya yunivesite, maphunziro a zamalamulo ndawasiyira panjira, ndikukanyamula ndodo ya munthu wojambula mafilimu amene palibe ankamudziwa. Tinali kukhitchini, iwo akudula buledi. Sanakalipe. Anamaliza kudula, anapukuta mpeni, anaupinda. Kenako: “Ndiye mwaganiza choncho, madamu. Khofi mumwa?”

Dzulo lake ndinali iwe. Iwe Ghislaine, iwe kamutu kouma, iwe tseka chitseko. Kuyambira pamenepo, inu, ngati ndine wa kubanki. Pa Khirisimasi inu. Pamaliro a bambo inu. Ndinkati atopa. Sanatope. Magazi athu satopa msanga.

Sindinong'oneza bondo, tisanamizane. M'kalasi muja ndinkangogona, ndipo anzanga amene anamaliza lero akugawa masofa a anthu osudzulana.

Chondivuta n'chakuti tsopano sindikudziwa kuti inu wa lero ndi uti, wa mkwiyo kapena woiwala. Bola akanakhala wa mkwiyo. Wokwiya amadziwa amene wamukwiyira.

Adokotala akuti mtima wawo ndi wofooka. Ndikufuna iwe mmodzi yekha asanapite. Ndalemba, basi, sindibwerezanso.

Loweruka, 10 Okutobala

Tinapita kuyunivesite yanga yakale. Akuonetsa mafilimu onse a A. sabata yathunthu, ndiye anatiitana. Holo yomwe ija, mabenchi omwe aja opweteka msana. Kale ndinatuluka pakhomo lakumbuyo, lero andilowetsa lakutsogolo. Kusiyana kwake n'kwakuti lakutsogolo kuli vinyo wowawasa.

Pulofesa wina wa sikafu yofiira anawerenga ntchito zonse ngati mbiri ya pamaliro. Filimu ya paboti lowolotsa anthu, imene tinajambula tikugona m'galimoto ndi kudya nsomba za m'zitini. Ya anthu okolola mchere. Ya kophera ng'ombe, imene wailesi ya kanema inakana kuonetsa. Ya ofesi ya katundu wotayika kusiteshoni. Ya m'khonde la khoti, yotipatsa mphoto ija. Kenako anati: “Rouvier ndiye khutu la dziko lino. Amadziwa kumvetsera.”

Khutu lamanzere la A. linafa kalekale, lamanja likulitsatira. Ine pulofesayo anandionetsa kwa anthu kuti ndine “Madamu Chevrier, omuthandiza okhulupirika.” Chabrier, bambo. Zilembo zake si zambiri kwa munthu wa madigiri.

Wophunzira wina anaimirira. Anafunsa za mayi uja wa m'khonde la khoti, amene anakomoka atamva chigamulo cha mwana wake. “N'chifukwa chiyani simunasiye kamera kuti mumuthandize?”

A. anamuyang'ana. Kenako: “Mlonda anabwera.”

Anawomba m'manja. Kuwombera chiyani, sindikudziwa.

M'galimoto pobwerera anawonjezera yekha, maso ali pamsewu: “Ndikalowamo, sakhalanso iwo. Amakhala anthu amene ali ndi ine.” Izi ndiye zoona, ndipo ndimazikhulupirira kuposa mmene iye amazikhulupirira. Kugunda kwa mutu wa mayi uja pasimenti ndine ndinakujambula, ndipo kunamveka bwino. Anthu anatuluka m'maholo akudziwa kuti khoti ndi chiyani. Akanadziwa bwanji tikanakhala kuti tinathamangira madzi?

Lamulungu, 11 Okutobala

Sitijambula. Ndikanapita kukawaona wopanda ndodo. Ndachapa masokosi.

Lachiwiri, 13 Okutobala

Tikaweruka timaonera zomwe tajambula m'chipinda cha A. kuhotela, iye akudya tchizi ndi kampeni kopinda kamene anagula kuno tsiku loyamba. Mlendo aliyense amagula.

Titafika pa manja a amayi anasiya kutafuna. “Manja awa ndiwo filimu.”

Ndinati zikomo, ndikawauza, asangalala.

Sanaseke. Anabweza pang'ono, n'kuloza pamwamba pa chithunzi ndi nsonga ya mpeni. Kadontho kakuda kanatsika n'kukweranso. Maikolofoni yanga. “Ndodo inalowa.”

Chiyambire filimu ya paboti ndodo yanga sinalowepo m'chithunzi. Akudziwa, ndikudziwa.

“Manja anu akunjenjemera,” anatero.

“Anu akhala akunjenjemera chiyambire filimu ya mchere, koma manyuzipepala amati ndi luso.”

Anadula tchizi china n'kundipatsa. Ndiko kupepesa kwake, kapena kundithamangitsa, sindinadziwepo kusiyanitsa. Zaka zonsezi iyenso amanditcha inu, nanenso chimodzimodzi. Koma wake uja ndi wina, ndi inu wa anthu awiri onyamula tebulo limodzi. Sabaya.

Lachinayi, 15 Okutobala

Tsiku lonse pazenera la m'khonde, kudikira. Mayi wina amapinda kansalu n'kukafunyulula. Palibe chachitika. A. wasangalala.

Lachisanu, 16 Okutobala

Amayi adwala chifuwa. Sakudzukanso.

Tinali m'khonde kujambula Nadège akukankha ngolo ya mankhwala pamene adokotala anatuluka m'chipinda chawo. Anaona kamera, anaona ndodo, anaona ine. “Ndinu mwana wawo?”

Kuwala kofiira kwa kamera kunali kuyaka. Sindinayankhe.

Nadège ndi amene anati inde, ndi iwowo. Adokotala anandidikira pang'ono, kenako anatembenukira kwa Nadège n'kumuuza iye. Madzi m'mapapo. Kuchipatala sikungathandize, kungowavutitsa. Mwina sabata, mwina kuposerapo. Ndinasendeza maikolofoni kwa adokotala chifukwa amameza mawu. Zonse zamveka bwino.

Titazimitsa, Nadège anandikokera m'chipinda cha mabulangete. Nkhope ili psu. “Kodi anthu inu ndinu anthu kapena mipando?”

“Mipando. Ndiyo ntchito yake.”

“Ndi amayi anu amenewo!”

“Ndikuwadziwa. Iwo ndi amene sakundidziwa.”

Anandiyang'ana ngati ndalavulira m'tchalitchi, n'kutuluka. Ali ndi ufulu. Iye amawasambitsa, ine ndimawajambula kupuma.

A. anaona zonse. Ndinkati mwina anena kuti tisiye kaye, kapena afunse kuti muli bwanji. Anapukuta galasi la kamera. Ndikanakana, inde ndikanakana, koma munthu amafuna apatsidwe chokana.

Loweruka, 17 Okutobala

Bambo Barge andikola ndi ndodo yawo yoyendera ndikudutsa. Makina anali ozima, ndiye ndinaima.

“Léonie ankakwera basi yanga m'mawa uliwonse. Pakamwa ngati pakopa, mpeni weniweni. Ukachedwa pang'ono umva za agogo ako.” Anatsokomola. “Koma tandiuza. Tauni yonse imadziwa kuti mwana wa Léonie ndi loya ku Paris. Ankatiuza yekha, chaka ndi chaka. Ndiye nditakuona ndi ndodo ndinati kaya, zinthu zavuta kukhoti.”

Loya ku Paris.

Ndinati inde bambo, milandu yachepa.

Ndiye kuti m'mutu mwawo anali ndi mwana wina, womaliza sukulu, amene ankayenda naye m'basi. Kaya ameneyo ankamutcha iwe.

Lolemba, 19 Okutobala

Ndilembe mwadongosolo.

Titadya nkhomaliro tinalowa m'chipinda cha amayi. Dzuwa linatuluka koyamba chibwerereni, linagwera pabulangete. A. anaima kumiyendo, chakuzenera. Ine pambali pa bedi, kunja kwa chithunzi, ndodo pamwamba pawo, manja onse m'mwamba monga mwa masiku onse.

Nadège anawapesa tsitsi, anawanyowetsa milomo, akuwayankhula zamkutu zake zija. “Taonani kukongola, Madamu Chabrier, bambo Barge akomoka.” Ine sanandiyang'ane n'komwe. Anatola beseni n'kutuluka.

Wina aliyense akanazimitsa pamenepo. A. sazimitsa. Tinakhala. M'mahedifoni munali kupuma kwawo kokha, ngati chitseko chakale chokankhidwa ndi mphepo, ndi mpope wa madzi kwinakwake m'khoma. Mapewa anayamba kuwotcha. Kuwotchako ndimakudziwa, ndi mnzanga wakale.

Anatsegula maso. Sanayang'ane kamera, sanayang'ane ndodo ngati masiku onse. Anatsika ndi ndodoyo, manja, zigongono, mpaka pankhope panga. Milomo inagwedezeka. Mawu anali otsika kwambiri moti munthu wokhala pabedi pomwepo sakanawamva. Koma maikolofoni yanga inali pamalo pake.

“Ghislaine. Iwe. Tsitsa manjawo, watopa.”

A. sanamve. Sakanamva ngakhale akanakuwa. Ndinaona diso lake lili pakamera, lodekha, likudikira.

Sindinasunthe. Zaka zonsezi zinandigwira m'zigongono. Mutu unkati usayankhe, ukalowamo sakhalanso iwo, ichi ndi chimene wakhala ukudikira masabata onsewa, gwira ndodo, zikujambulika bwino.

Anakwinya pamphumi monga ankachitira ndikasiya chitseko chosatseka.

“Kamutu kouma iwe.”

Ndinadina batani lozimitsira makina anga. Ndinagoneka ndodo pansi. Ndinadutsa kutsogolo kwa galasi la Anselme Rouvier, chinthu chimene sindinachitepo ngakhale mwangozi, n'kukakhala pabedi.

Zimene tinayankhulana pambuyo pake sizinajambulidwe ndipo muno sizilowa. Sizinali zambiri. Anagona msanga.

Nditatembenuka, kuwala kofiira kunali kukuyakabe. Sindinadabwe.

Lachiwiri, 20 Okutobala

Dzulo sindinapite kokaonera. Lero ndapita, ndamupatsa A. mawu onse a dzulo kupatula a m'chipinda chija. Kadi ya m'makina yosunga mawu amenewo ili m'thumba la jasi langa.

Anaika chithunzi chopanda mawu. N'chokongola, ndisaname. Dzuwa, bulangete, nkhope yaing'ono pamtsamiro. Maso atseguka, ayang'ana china chake kunja kwa chithunzi. Milomo igwedezeka. Pamphumi pakwinyika, milomo igwedezekanso. Kenako mdima, ndipo mdimawo ndi msana wanga, juzi yanga yobooka pachigongono.

Anabweza. Anaonanso. Anasendera pafupi ngati awerenga milomoyo. Tchizi sanachikhudze.

Kenako anati: “Anati chiyani?”

Funso. Ndakhala naye paboti, kophera ng'ombe, pamaliro a mkazi wake, sindinamvepo funso likutuluka m'kamwa mwake. Linatuluka mokhota, ngati munthu woyankhula chiyankhulo chimene anaphunzira ali mwana n'kuchiiwala.

Ndinachita zimene anandiphunzitsa. Ndinakhala chete, n'kumusiya kuti ayankhule yekha.

“Ndiwo mathero a filimu,” anatero.

“Ndikudziwa. Ndine ndinayamba kuwamva.”

“Popanda mawu ndi msana chabe.”

“Ndiye muli ndi msana. Manyuzipepala adzati ndi luso.”

“Munajambula. Munazimitsa atatha kuyankhula, ndinaona dzanja lanu.” Nkhalambayi ndi yogontha koma maso ali nawo.

“Inu simufunsa mafunso, bambo Rouvier.”

Anati kadiyo ndi ya kampani. Ndinati akandisumire, ndinaphunzirako malamulo zaka ziwiri ndi theka.

Sanakwiye. Bola akanakwiya. Anapinda kampeni kake pang'onopang'ono, n'kukhala akuyang'ana msana wanga woima pachithunzi. Akudziwa kuti popanda mawu amenewo filimuyi ikhala yabwino chabe, ndipo pa msinkhu wake mwina sadzapanganso ina. Nanenso ndikudziwa. Moyo wanga wonse ndatola mawu a anthu n'kuwapereka kwa iye, kulira kwa eni ake, kutukwana kwa eni ake, ndipo ndikunenabe kuti tinachita bwino. Awa okha sanali a holo yodzaza anthu.

Ndikutuluka anati: “Mawa ndikhala m'chipinda chodyera. Kamera ili ndi maikolofoni yake.”

Ili nayo. Imamva ngati iye.

Lachitatu, 21 Okutobala

Ndapita m'mawa, wopanda ndodo. Sindimadziwa koika manja, ndinawabisa m'matumba.

Podutsa pachipinda chodyera ndinaona A. pakona pake, yekha. Bambo Barge anakuwa: “Loya wafika! Ndodo waipinyolitsa?” A. sanatembenuke. Nadège anandiona n'kundikankhira mpando ndi phazi.

Amayi anali maso. Anandiyang'ana bwinobwino, mwaulemu.

“Inu madamu, ndodo yanu mwaisiya kuti?”

Inu wabwerera. Ndimadziwa kuti abwerera. Kudziwa sikuthandiza.

Ndinati ndaisiya kunyumba. Ndinatulutsa makina m'chikwama, kadi ija ili m'kati, n'kuwaveka mahedifoni. Ndi aakulu, anawaphimba masaya. Ndinadina. Ine sindimamva kanthu, koyamba m'moyo wanga wina ndiye anali ndi makutu. Ndimangoyang'ana nkhope, ngati A.

Anamvetsera mpaka kumapeto.

“Ndani ameneyu?”

“Mayi wina.”

“Akuyankhula ndi mwana wake.”

“Inde.”

“Ndiye mwanayo watsitsa?”

“Watsitsa.”

“Mpaka kumuuza kawiri,” anatero, akupukusa mutu. “Ana enawa.”

Ndinawavula mahedifoni. Dzanja lawo linkapapasa pabulangete, kufunafuna supuni, koma Nadège anali atachotsa mbale. Linapeza langa. Analinyamula, analitembenuza, analiyang'anira pa kuwala kwa pazenera. Kenako anayamba kulipukuta pabulangete, uku ndi uku, pang'onopang'ono.

“Musagwedezeke, madamu. Uwu uli ndi dzimbiri.”

Sindinagwedezeke.